Chithunzi cha Njira ya Mtanda chatuwa atachipukuta ndi sopo, ndiyambire pati?

Wolemba zikwangwani, Dedza:
Akuluakulu, ndabwera ndi vuto. Komiti ya tchalitchi chathu yandipempha kuti ndiyeretse zithunzi 14 za Njira ya Mtanda Lenti isanayambe. Ndi zojambula pamanja pa hadibodi, ndipo zakhala pakhoma kuyambira ndili mwana. Zada ndi mwaye wa makandulo moti nkhope ya Simoni wa ku Kirene simungaizindikire. Koma chimene chandisowetsa tulo ndi chachinayi, pamene Yesu akumana ndi amayi ake. Mayi wina wa mtima wabwino anachipukuta sabata yatha ndi siponji ya mbale ndi madzi a sopo wa ufa. Chitauma, chovala cha buluu cha Maria chatuwa ngati mwathirapo ufa. Ine ntchito yanga ndi zikwangwani za magolosale, thina ndi spiriti ndili nazo. Ndiyambe ndi chiti?

Wa mafelemu, Limbe:
Achimwene, thinayo mubwezere pashelefu. Imeneyo siisankha, imanyamula litsiro, vanishi ndi nkhope yomwe. Ine ndikanayesa viniga wosungunula m'madzi ambiri kuti aphe mphamvu ya sopoyo. Pa magalasi a mafelemu amandithandiza kwambiri.

Mayi wosamala zakale:
Bambo a ku Limbe, za thina mwanena zoona, koma viniga ayi, makamaka pa chovala cha Maria. Buluu wa pa zithunzi zotere nthawi zambiri amakhala ultramarine, ndipo ultramarine amaopa asidi. Viniga kapena mandimu akamufika amafwifwa, ndipo mtunduwo subwereranso ngakhale mutatani.

Achimwene a ku Dedza, funso loti ndiyambe ndi mankhwala ati lidikire kaye. Pa chithunzi pali zinthu zosanjikizana: thabwa pansi, penti, mwina vanishi, kenako mwaye, phula la kandulo ndi zitosi za mileme pamwamba. Simunadziwe kuti chatuwacho chili pa chiti mwa zimenezi. Chikhoza kukhala sopo wouma amene watsalira pamwamba, chikhoza kukhala chuku, chikhozanso kukhala vanishi amene wamwa madzi n'kuchita timing'alu tosaoneka ndi maso. Timing'aluto timamwaza kuwala, ndiye diso limaona kuyera pamene penti ya pansi ili bwinobwino. Zitatu zonsezi zimafanana mukaima patali, koma chilichonse chili ndi mankhwala ake.

Chitsitseni, muchigoneke chagada patebulo, mujambule ndi foni musanachikhudze. Mdima ukagwa muunike ndi tochi kuchokera m'mbali, kuwala kuziyenda chokwawa pamwamba pake. Penti ikakhala kuti yayamba kumatuka mudzaona timithunzi pansi pa tizidutswa tomwe tatukuka. Mukaona zotero musapititsepo ngakhale bulashi.

Mlongo wanu wa ku Leeds:
Ndiwonjezerepo pa zimene amayi anena. Pitani kwa wa golosale amene ali ndi katochi kofiirira kaja koonera ndalama zabodza, mukabwereke usiku umodzi. Kuwala kwake ndi kwa mtundu wotchedwa UV (ultraviolet). Mu mdima, vanishi wakale wa utomoni wa mitengo, monga dammar kapena mastic, amawala mobiriwira ngati mkaka wothiramo masamba. Pamene munthu wina anapakapo penti pambuyo pake pamaoneka madontho akuda. Tochi zolembedwa 365 nm (muyeso wa mtundu wa kuwala kwake) ndiye zabwino, zotchipa zambiri ndi za 395 nm ndipo zimathira kuwala kofiirira kochuluka, komabe zimaonetsa. Musayang'anitsitse m'tochimo.

Kenako tengani kathonje, mukanyowetse pang'ono ndi white spirit, osati spiriti wofiirira uja wa methylated, mukhudze malo aang'ono ngati chikhadabo m'mphepete mwa potuwapo. Buluu akabwerera pamene panyowa, n'kutuwanso pakauma, ndiye kuti penti ilipo ndipo vuto lili pamwamba pake, makamaka mu vanishi.

Mnyamata wophunzira kujambula, Zomba:
Pepani akuluakulu, ine ndine mwana pa zimenezi. Ndinamva kuti ku Sistine Chapel, tchalitchi cha ku Vatican, anatsuka zojambula za Michelangelo ndi mankhwala okhala ndi soda. Ndiye soda wa kukhitchini sangathandize apa?

Mlongo wanu wa ku Leeds:
Wamva zoona mng'ono wanga, funso lako ndi labwino. Ntchito ija inachitika kuyambira 1980 mpaka 1994, ndipo anagwiritsa ntchito mankhwala otchedwa AB57, mmene muli sodium bicarbonate ndi ammonium bicarbonate, atawasakaniza kukhala ngati phala lolimba. Ankapaka, n'kudikira mphindi 3, n'kuchotsa. Koma ija ndi fresco: utoto unapakidwa pa pulasitala wa laimu ali wonyowa, n'kuumira momwemo ngati mwala. Penti ya mafuta ndi ina. Chimene chimagwira utoto wake ndi mafuta ouma, ndipo mafuta akakumana ndi zinthu za alkali (zotsutsana ndi asidi, monga soda) amayamba kusanduka sopo. N'chifukwa chake pa penti ya mafuta timayesetsa kuti madzi asapitirire pH 8.5 (pH ndi muyeso wa asidi ndi alkali: 7 ndi pakati, kuposa apo ndi alkali). Sopo wa ufa amafika cha m'ma 10. Ndipo ngakhale pa ntchito ya ku Vatican yomweyo akatswiri akutsutsanabe ngati mithunzi ina ya Michelangelo sinapite limodzi ndi mwaye.

Wa mafelemu, Limbe:
Za viniga ndabweza mawu, zikomo amayi. Koma ndifunse, zithunzizo zili pa khoma liti? Ndatsegulapo mafelemu ambiri ochokera m'matchalitchi, ndipo kuseri kwake ndi kumene kumakhala nkhani. Hadibodi imamwa chinyezi ngati buledi. Ikatsamira khoma lakunja nyengo ya dzinja yonse imapindika, penti n'kuyamba kung'ambika.

Wolemba zikwangwani, Dedza:
Ndabwerako, akuluakulu. Ndachita zonse usiku wathawu, katekisiti akundigwirira tochi. Penti siikumatuka, kupatula pangodya ya chithunzi cha 11 pamene msomali unachita dzimbiri. Ndi katochi ka ndalama, zonse zikuwala mobiriwira, koma pa chachinayi kuwalako kuli ndi mizere yozungulira, mmene dzanja la mayi uja linkayendera. White spirit nditakhudza, buluu anatulukira wokongola mpaka katekisiti anagwira pakamwa. Patapita mphindi zochepa patuwanso. Ndi galasi lokulitsa sindinaone ulusi wa chuku kumaso, koma kuseri kwa zisanu ndi ziwiri zomwe zili pa khoma lolandira mvula kuli madontho akuda, ndipo kukununkha chinyontho.

Mayi wosamala zakale:
Mtima wanga wakhala pansi. Maria alipo, vanishi ndi amene wavulala.

Pa 13 zinazo mukhoza kugwira ntchito nokha, koma pang'onopang'ono. Yambani mouma: bulashi yofewa kwambiri, yonga ya azimayi yopakira pauda, kusesa fumbi chotsitsa. Kenako timasiponji toyera ta zodzoladzola, tatsopano, totsukidwa ndi madzi okha n'kuumitsidwa, kumadinda mopepuka. Mwaye wambiri umachoka pamenepo madzi asanafike.

Chotsalacho, malovu. Ndikunena zenizeni. Songolani kamtengo ka nsungwi, mukulungize thonje la ku famasi kunsonga kwake, munyowetse m'kamwa, muzigudubuza pa chithunzi osati kukwecha. Malo ngati bokosi la machesi pa nthawi imodzi. Malovu ndi ofunda, pH yake ili pafupi ndi 7, sayenderera ngati madzi, ndipo muli amylase (chogaya chakudya cha m'malovu) ndi zina zothandiza kumasula litsiro. Ofufuza a ku Portugal anayeza zimenezi mu 1990 n'kupeza kuti amayeretsadi, ndipo mu 2018 anapatsidwa mphoto ya Ig Nobel, ya kafukufuku woseketsa koma wopatsa maganizo, chifukwa cha ntchito imeneyo. Musayambe mutangodya kapena kumwa tiyi wa shuga, tsukani m'kamwa mudikire kaye. Mukatha kachigawo, pitsanipo kathonje kena konyowa pang'ono ndi madzi a distilled, aja othira mu batire ya galimoto. Muwerenge botolo bwino, pakhale polembedwa distilled, osati asidi.

Diso lanu likhale pa thonje nthawi zonse. Likamatuluka lakuda kapena lotuwa, ndi mwaye, pitirizani. Likatuluka lachikasu, mwafika pa vanishi. Likangoonetsa buluu, kufiira kapena mtundu wa khungu, imani pomwepo mundiimbire. Thonje lililonse mulisunge pa pepala, mulembe nambala ya chithunzi ndi malo ake. Madontho a phula muwasiye kaye, musawakande ndi lezala. Ngodya ya cha 11 musaikhudze.

Chachinayi ndibwera ndidzachione ndekha. Kuchotsa kapena kukonza vanishi kumafuna kuyesa mankhwala motsatana, kuyambira ofooka, ndipo ojambula ena ankasakaniza utomoni mu penti yomalizira, moti chosungunula vanishi chimasungunulanso mithunzi ya pankhope.

Mlongo wanu wa ku Leeds:
Wina akakuuzani zofukiza chithunzi ndi nthunzi ya spiriti kuti kutuwa kuthe, mukane. Njira imeneyo ndi ya Max von Pettenkofer wa ku Munich, ya m'ma 1860. Imabwezadi kuwala kwa kanthawi, koma zithunzi zambiri zimene zinachitidwa zimenezo, makamaka zopakidwanso mafuta a copaiba, penti yake inafewa n'kusakanikirana ndi vanishi. Komanso komiti ikadzati mupake vanishi wa matebulo kuti ziwale pa Pasaka, musalole. Vanishi wa mtundu umenewo, polyurethane, akauma sachoka popanda mankhwala amene amapha penti. Ife timapaka wochotseka, monga Paraloid B-72 kapena Regalrez, kuti wodzagwira ntchitoyi mtsogolo adzathe kuchotsa.

Mayi uja musamuchititse manyazi pamaso pa mpingo. Ku Borja ku Spain mu 2012 gogo wina anafuna kukonza chithunzi cha Yesu cha m'tchalitchi chawo mwa chikondi chomwechi, dziko lonse linamuseka, iye mpaka anadwala nazo. Wanuyu muitaneni adzakuthandizeni kukulunga thonje.

Wa mafelemu, Limbe:
Zisanu ndi ziwiri za khoma la mvulazo muziumitse pamthunzi podutsa mphepo, osati padzuwa. Chuku cha kuseri musese panja, mutavala masiki. Pobwezera muike timatabwa ta masentimita awiri kuseri kwa ngodya zonse kuti mpweya uzidutsa, misomali yadzimbiri musinthe ndi masukuluu a brass. Makandulo asunthe, asayake pansi pa zithunzi.

Wolemba zikwangwani, Dedza:
Zikomo nonse. Ndayamba ndi chachisanu. Kuyambira m'mawa ndayeretsa malo ngati chikhatho changa, ndipo ndapeza kuti Simoni ali ndi ndevu zofiirira ndi lamba m'chiuno, zomwe palibe ankazidziwa. Mathonje 23 ndawasunga, onse ndi akuda, palibe la mtundu. Ndauza a komiti kuti pofika Lachitatu la Phulusa ndikhala nditatha zinayi kapena zisanu zokha, ndipo avomera. Mayi uja wakulunga kale mathonje odzaza mbale. Amayi, chachinayi ndachigoneka ku sakirisiti, ndavundikira ndi katoni yosakhudza penti. Loweruka lino mukatsika pa Dedza boma mundiuze nthawi, ndidzakuchingamirani pa depoti.