Corolla ikulira kumbuyo koma wilo silikugwedera: vuto ndi habu kapena tayala?

Makanika wa ku Chilenje:

Akuluakulu ndi anzanga onse a ntchito, ndikupempha nzeru pa galimoto imene yandizunguza mutu kuyambira dzulo. Ndi Toyota Corolla NZE121 ya 2003, ya injini ya 1NZ, yokoka ndi mawilo akutsogolo, ndipo kumbuyo ili ndi mabuleki a dramu. Mwini wake amaiyendetsa ngati tekisi, ndipo wotchi yake yadutsa makilomita 240,000. Dandaulo lake ndi lakuti ikangofika pa liwiro la 50 imayamba kulindima kumbuyo, ikafika pa 80 phokoso limakula mpaka okwera kumpando wakumbuyo amafunsa ngati zinthu zili bwino. Ndayenda nayo ndekha mu Kafue Road muno mu Lusaka, ndipo ndamva kuti phokosolo silisintha ndikachotsa phazi pa mafuta kapena ndikaika giya pa nyutulo. Limangotsatira liwiro la galimoto.

Nditabwerera ku galaja ndinaikweza pa jeke, ndinagwira wilo lililonse pamwamba ndi pansi n'kuligwedeza ndi mphamvu, koma onse awiri ali nganganga, palibe kugwedera ngakhale pang'ono. Apa ndiye pandiimitsa. Ndinaphunzitsidwa kuti beringi yakutha imagwedera, ndiye sindikufuna kuuza mwini wake kuti agule habu, chitsulo chija chimene wilo limamangidwapo chokhala ndi beringi m'kati, chifukwa munthuyu amadyera galimoto yomweyi, ndipo ndikamugulitsa chinthu cholakwika ndamulanda chakudya cha ana ake.

Mwini galaja ku Matero:

Mphwanga, mwachita bwino kufunsa musanamasule kanthu. Zimene munaphunzitsidwazo ndi zoona pa maberingi akale aja osongoka, amene tinkawatsuka ndi palafini, kuwapaka girisi ndi kuwamanga ndi nati ndi pini. Amenewo akatha kapena akamasuka ankagwedera msanga. Koma habu ya galimoto imeneyi imabwera yomatidwa, beringi yake ili m'kati momwemo ya mizere iwiri ya timipira, ndipo imatha kulira kwa miyezi ingapo isanayambe kugwedera moti dzanja n'kumva. Choncho kusagwedera kwa wilo si umboni wakuti habu ili bwino.

Bwererani nayo pamsewu, pamalo otakasuka ndiponso nthawi imene magalimoto achepa, ndipo muike mnzanu kumpando wakumbuyo kuti azimvetsera. Mukafika pa liwiro limene imalira, khotetsani chiwongolero pang'onopang'ono kumanzere kenako kumanja, osati mwadzidzidzi. Galimoto ikakhotera kumanzere, kulemera kwake kumatsamira mawilo akumanja, ndipo ikakhotera kumanja kumatsamira akumanzere. Beringi yowonongeka imalira kwambiri ikasenza katundu, n'kutonthola ikapepukidwa. Ndiye ngati phokoso likukula pokhotera kumanzere, yang'anani mbali yakumanja. Ndikuchenjezeni kuti kuyesa kumeneku nthawi zina kumanamiza, chifukwa mizere iwiri ija siisenza katundu mofanana pokhota, ndiye musagamule mlandu ndi mboni imodzi yokha.

Mboni yachiwiri ndi dzanja lanu. Kwezani kumbuyo, khazikani galimoto pa masitandi, tsitsani handibuleki, ndipo wina azungulize wilo mwamphamvu inu mutagwira sipuling'i ya mbali imeneyo. Beringi yabwino simveka m'dzanja konse, koma yakutha imatumiza kunjenjemera kosalala ngati mwagwira chigayo chili patali. Chitani mbali zonse ziwiri kuti muyerekeze.

Wokonza matekisi ku Chelstone:

Ndikugwirizana ndi akulu a ku Matero, koma ine ndingayambire pa matayala ndisanaganize za habu, chifukwa ndinapsapo nazo. Chaka china ndinasintha habu pa Spacio ya munthu, ndinalandira ndalama, ndipo m'mawa mwake anabwera nayo ikulira chimodzimodzi. Nditapititsa chikhatho pa tayala lakumbuyo ndinapeza kuti linadyeka modumphadumpha, pena pokwera pena potsika, chifukwa mashoko anali atatha kalekale ndipo wilo linkangodumpha pamsewu. Tayala lotere limalindima ndendende ngati beringi. Manyazi amene ndinachita tsiku limenelo sindinawaiwale, ndipo ndalama ya ntchito ndinabweza.

Ndiye achimwene, sisitani matayala onse akumbuyo ndi dzanja, kupita kutsogolo ndi kubwerera, makamaka m'mphepete mwa m'kati. Kenako sinthanitsani: akumbuyo apite kutsogolo, akutsogolo abwere kumbuyo. Phokoso likasamuka ndi matayala, habu ilibe mlandu. Chizindikiro china n'chakuti phokoso la tayala limasintha mukachoka pa phula losalala kupita pa lokhakhala, pamene la beringi silisamala za mtundu wa msewu. Ntchito imeneyi siidya ndalama, imangofuna theka la ola.

Makanika wa ku Chilenje:

Zikomo kwambiri akuluakulu. Ndachita zonse monga mwanenera, ndipo ndinayambira pa matayala. Adyeka mofanana bwino popanda kudumphadumpha, mashoko sakudontha mafuta, ndipo nditasinthanitsa mawilo phokoso linatsala kumbuyo komweko. Pamsewu, pokhotera kumanzere linakula kwambiri, pokhotera kumanja linangotsala pang'ono kutheratu. Nditafika ndinayandikitsa dzanja pakati pa mawilo, ndipo lakumanja linali lofunda kuposa lakumanzere, ngakhale kuti ndinaganiza kuti mwina ndi malayiningi a buleki amene akukhuza dramu.

Chimene chandikhutiritsa ndi sipuling'i. Mbali yakumanzere inali zii, ngati palibe chimene chikuzungulira. Mbali yakumanja ndinamva kunyerenyetsa m'zala mwanga mnyamata wanga atangozunguliza wilo, ndipo kunkatha pang'onopang'ono pamene wilo linkaima. Ndafunsanso mwini wake, ndipo wavomera kuti nthawi ya mvula yapitayi ankalowa ku Kanyama tsiku ndi tsiku, madzi akufika pakati pa mawilo. Tsopano ndikupempha malangizo a kamasulidwe, chifukwa habu ya mtundu umenewu sindinaisinthepo ndekha.

Mwini galaja ku Matero:

Mboni zanu zakwana, ndipo nkhani ya Kanyama ikumveka. Habu ikatentha paulendo kenako n'kulowa m'madzi ozizira, mpweya wa m'kati umafinyika ndipo umatha kukokera madzi amatope kudutsa pa silo yokalamba, kalabala kotsekera beringi. Girisi ikasakanikirana ndi madzi imasiya ntchito, dzimbiri limadya njira ya timipira, ndipo kulira kumayamba miyezi ingapo mvula itatha, mwini wake ataiwala kale za madziwo. N'chifukwa chake ntchito za mahabu zimatichulukira mu June ndi July.

Ngati muli ndi dial gauge, kachipangizo koyezera kugwedera kochepa kwambiri, chotsani dramu muyeze habu isanamasulidwe, kuti mwini wake aone ndi maso ake. Malire a Toyota pa kugwedera kolowa ndi kutuluka ndi mamilimita 0.05, kumene ndi kochepa moti dzanja silingakumve bwinobwino wilo lili pamalo pake.

Kamasulidwe kake sikovuta, koma kali ndi misampha. Tsekerani mawilo akutsogolo ndi matabwa kutsogolo ndi kumbuyo kwake, chifukwa handibuleki iyenera kukhala yotsitsa, ndipo musalowe pansi pa galimoto imene yangokhala pa jeke yokha. Dramu ikakana kutuluka musaimenye ndi hamala m'mphepete, chifukwa imasweka kapena kupindika. Yang'anani pankhope pake, mupeza timabowo tiwiri ta mazinga ta mabawuti a M8. Lowetsani mabawuti awiri, muziwamanga mosinthana pang'onopang'ono, ndipo dramu idzadzikankha yokha. Ikafika pena n'kugwira, ndiye kuti m'mphepete mwake mwapanga mlomo umene wakola malayiningi, ndipo muyenera kubweza kaye kagudumu kosinthira mabuleki kuti malayiningi abwerere m'kati. Mukakakamiza mudzathyola timapini ndi timasipuling'i togwira malayiningi. Apa ndi pamene akulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha.

Habu imagwidwa ndi mabawuti anayi, ndipo mabawuti omwewo ndi amene amagwira mbale ya mabuleki. Mukawamasula, mbaleyo imatsala ikulendewera pa paipi ya mafuta a buleki ndi chingwe cha handibuleki. Imangirireni ndi waya kuti paipi isapindike, ndipo mukatero simudzafunika kumasula paipiyo kapena kutulutsa mpweya m'mabuleki. Pa galimoto yazaka zoposa 20 habu imakhala itamatirira ndi dzimbiri; thirani mafuta omasulira, dikirani, kenako igogodeni yakaleyo mozungulira mpaka itasiya.

Chimene anyamata ambiri amadumpha ndi kupala. Malo amene habu yatsopano ikhale ayenera kupalidwa ndi burashi ya waya ndi sandipepa mpaka chitsulo chiwale, chifukwa kachidutswa kamodzi ka dzimbiri kakatsala, habu imakhala mopendekeka, dramu imazungulira mokhota, ndipo tayala limadyeka mbali imodzi. Yatsopanoyo isakhudzidwe ndi hamala ngakhale kamodzi. Mangani mabawuti anayiwo mopingasa ndi torque wrench, sipanala yoyeza mphamvu yomangira, pa mlingo wa m'buku la galimotoyo, ndipo manati a wilo amangidwe pa 103 Nm, osati ndi mfuti ya mpweya kapena kuponda sipanala ndi phazi.

Mayi wa zamagetsi a galimoto ku Kabwata:

Bambo a ku Matero afotokoza bwino za chitsulo, ine ndiwonjezere za waya, chifukwa magalimoto otere amafika kwa ine akachoka kwa inu. Achimwene, musanapite kukagula, suzumirani kuseri kwa habu muone ngati pali pulagi. Ma NZE121 ambiri ochokera ku Japan ali ndi ABS, imene imaletsa mawilo kugwiriratu mukaponda buleki mwamphamvu, ndipo sensa yake yakumbuyo, yowerenga liwiro la wilo, ili pa habu pomwepo, kuseri kwake. M'masitolo muli mahabu a mitundu iwiri amene mabowo ake amafanana, ina ya sensa ndi ina yopanda sensa, ndipo yopanda sensa imalowa bwinobwino n'kumangika. Vuto limaoneka mukangoliza injini: nyale ya ABS imayaka osazima, ndipo ABS yonse imasiya kugwira ntchito, ngakhale mabuleki wamba akugwira.

Chotsani pulagiyo musanamasule mabawuti, ndipo muichite ndi zala, osati ndi pulayala. Pulasitiki yazaka zimenezi imakhala youma ngati chikonyo, ndipo kaloko kake kamathyoka msanga. Tsukani kaye matope, dinani kaloko, kokani pulagi yeniyeniyo osati waya. Ndalumikiza mawaya ambiri amene anadulidwa chifukwa habu inagwa ili chilumikizire. Mukapita ku sitolo nyamulani habu yakaleyo pamodzi ndi nambala ya chasisi, muyerekeze pulagi, masitadi anayi a wilo ndi kutalika kwake muli pa kauntala pomwepo.

Wokonza matekisi ku Chelstone:

Pa nkhani yogula, ine maganizo anga ndi akuti ngati ndalama ya mwini wake ndi yochepa, habu yochotsedwa pa galimoto yophwasulidwa ya ku Japan imaposa yatsopano yotchipa. Ndaikapo zambiri pa matekisi ndipo zayenda zaka. Zatsopano zina zimene zimabwera m'makatoni okongola ndinaziona zikuyamba kulira mvula imodzi isanathe.

Mwini galaja ku Matero:

Achimwene a ku Chelstone, pa zotchipazo tikugwirizana, koma pa zakalezo ndikusiyana nanu pang'ono. Habu yomatidwa simungaione m'kati, ndipo imene yakhala pabwalo pa mvula ndi dzuwa, kapena imene inachotsedwa ndi hamala, imatha kuzungulira bwino m'manja koma n'kulira ikasenza galimoto. Pa galimoto ya munthu woyenda pang'ono ndingavomere. Pa tekisi yonyamula anthu tsiku lonse, nthawi zina mpaka ku Chongwe kapena ku Kafue, ndimalimbikitsa yatsopano ya opanga odziwika monga Koyo, NSK kapena NTN, yogulidwa kwa wogulitsa amene amapereka lisiti ndipo amalola kubweza. Mayina amenewa amaberedwanso, ndiye yang'anani zilembo zodindidwa pa chitsulo, osati pa katoni pokha. Zikakhala zosaoneka bwino kapena mtengo ukatsika modabwitsa, isiyeni. Beringi ikafika pomwazika galimoto ili pa liwiro, wilo limatha kugwira kapena kupendama, ndipo pamenepo nkhani siikhalanso ya ndalama. Mufotokozereni mwini wake zonsezi, asankhe akudziwa.

Makanika wa ku Chilenje:

Akuluakulu, ntchito yatha madzulo ano. Mwini wake atamva zonse anasankha yatsopano ya sensa, ndipo ndinapita ndi yakale m'manja monga mayi a ku Kabwata ananenera. Zinandithandiza, chifukwa yoyamba imene wogulitsa anandipatsa inalibe pulagi, ndipo ndikanapanda kuyerekeza ndikanabwera nayo. Dramu inatuluka ndi mabawuti awiri aja nditabweza kagudumu, koma habu inandivuta pafupifupi ola lathunthu chifukwa cha dzimbiri. Itatuluka ndinaizunguliza pafupi ndi khutu, ndipo inkamveka ngati muli mchenga, ikugwiragwira pamalo amodzi. Kuseri kwake kunali girisi yofiirira yosakanikirana ndi dothi. Ndinampatsa mwini wake kuti azungulize yekha, kenako ndinamupatsa yatsopano, ndipo sanafunsenso funso lina.

Ndapala malo ake mpaka kuwala, ndamanga ndi torque wrench yobwereka, ndabwezeretsa mlingo wa malayiningi ndi handibuleki, ndipo nyale ya ABS ikuyaka ndi kuzima monga mwa nthawi zonse. Mu Kafue Road pa 80 kumbuyo kuli chete, ndipo mawilo onse awiri akufunda mofanana. Ndili m'katimo ndaona kuti silinda ya buleki yakumanja yayamba kunyowa pansi pa labala, ndiye ndamuuza abwere nayo Loweruka kuti tisinthe, ndipo tsiku lomwelo ndidzaonanso manati a wilo ndi kugwira sipuling'i yakumanzere kachiwiri, popeza nayonso inasambira m'madzi omwewo.