Kodi magalimoto ampikisano a ku Italy anafiirira pati?

Wa ku Chilenje:
Akuluakulu, ndithandizeni. Timu ya mpira ya Italy imavala buluu, koma magalimoto a Ferrari, Alfa Romeo ndi Maserati akhala akuthamanga ali ofiira kuyambira kalekale. Kodi kufiira kumeneku anakusankha ndi eni makampani, kapena kunachokera kwina?

Wa ku Kabwata:
Achimwene, poyamba mtundu wa penti sunali wa kampani, unali wa dziko. M'mipikisano ya Gordon Bennett, yomwe inayamba mu 1900, dziko lililonse linali ndi mtundu wake kuti oonerera azindikire galimoto ikamadutsa m'fumbi: France inatenga buluu, Germany zoyera, Belgium chikasu. Italy inadziwika ndi kufiira pambuyo poti kalonga Scipione Borghese wapambana ulendo wochokera ku Peking kukafika ku Paris mu 1907 pa galimoto yofiira ya Itala, ndipo mpaka lero iwo amautcha rosso corsa. Buluu wa osewera mpira ndi wa banja lakale lachifumu la ku Italy la Savoy, nkhani ina ndithu.

Wa ku Matero:
Ndionjezepo, bambo, kuti mtundu weniweni wa Enzo Ferrari, amene anayambitsa kampani ya Ferrari, ndi wachikasu. Taonani chizindikiro cha pambali pa galimoto: hatchi yakuda yoimirira ndi miyendo yakumbuyo, imene anaitenga kwa Francesco Baracca, woyendetsa ndege zankhondo amene anafa mu 1918, yakhala pa chikasu cha mzinda wa Modena, kwawo kwa Enzo, ndipo pamwamba pali timizere ta mbendera ya Italy.

Wa ku Kabwata:
Mwanena zoona, mayi. Chimene chimandigwira mtima ine ndi cha mu 1964, pamene Enzo anakangana ndi akuluakulu oyendetsa masewerowa ku Italy, nakana kuthamangitsa magalimoto ake ali ofiira. Ku United States ndi ku Mexico anatuluka ali oyera ndi buluu, ndipo John Surtees, woyendetsa galimoto ya Ferrari, anatenga ukatswiri wa dziko lonse mu mitundu imeneyo. Munthu sangalange dziko lake pochotsa penti ngati pentiyo ilibe tanthauzo. Pofika 1968, Lotus inasiya kubiriwira kwa Britain n'kuvala mitundu ya kampani ya fodya, matimu ena n'kutsatira, koma Ferrari inakakamira kufiira, n'chifukwa chake ku Monza, bwalo la mipikisano ya magalimoto la ku Italy, khamu lonse limafika litavala zofiira ngati kuti ikusewera ndi timu ya dziko.