Kusintha dzina pa pasipoti ukakwatiwa: ndiyambire kuti?

Abiti_wa_ku_Namwera:
Moni nonse. Tinachita nikah (ukwati wa Chisilamu) chaka chino ndipo ndikufuna kutenga dzina la amuna anga. Pasipoti yanga ili ndi dzina la kwa makolo, ndipo yatsala ndi zaka zingapo kuti ithe. Mu Disembala tili ndi ulendo wa ku Joni. Kodi ku Immigration kuno ku Mangochi angangokonza dzinalo pa pasipoti yomweyi?

Che_Malindi:
Achemwali, pa pasipoti yomweyo sakonza. Mapasipoti a masiku ano ali ndi kachipi m'kati, ndipo dzina lanu linalembedwa katatu: patsamba la chithunzi, pa mizere iwiri ya m'munsi ija yokhala ndi tizizindikiro <<<, ndi m'kachipimo. Palibe chofufuta pamenepo. Mukasintha dzina ndiye kuti mukufunsira pasipoti yatsopano, mulipira mtengo wonse, ndipo zaka zatsalazo zapita. Yatsopanoyo iyamba zaka zake 10.

Koma musayambire ku Immigration. Iwo amatenga dzina lomwe lili pa chiphaso cha unzika. Ngati chiphasocho chikadali ndi dzina la kwa makolo, akubwezani kapena akusindikizirani dzina lakale lomwelo. Ndiye yambani ndi setifiketi ya ukwati, mupite nayo ku ofesi ya NRB (bungwe lopereka ziphaso za unzika) kwa DC kukapempha kusintha dzina pa chiphaso. Chatsopano chikatuluka, m'pamene mupite ku Immigration mutanyamula chiphasocho, pasipoti yakale, setifiketi ya ukwati yeniyeni ndi mafotokope ake. Chithunzi ndi zidindo za zala ajambulanso, choncho mupite nokha, musatume munthu.

Mayi_a_ku_Monkey_Bay:
Ndiwonjezere pa za setifiketi, chifukwa ambiri amakodwa pomwepo. Lamulo la maukwati la 2015 limavomereza ukwati wa kwa DC, wa kutchalitchi, wa kumzikiti ngakhalenso wa chinkhoswe. Vuto ndi umboni wake. Ukwati wa ankhoswe nthawi zambiri sukhala ndi pepala lililonse, ndipo ena a nikah amangokhala ndi kakalata kolemba pamanja kopanda chidindo. Musanakwere basi, funsani ashehe omwe anakumangitsani ukwati akupatseni setifiketi yokhala ndi maina onse awiri, tsiku, siginecha, mboni ndi chidindo. A ku NRB kapena a Immigration akakuuzani kuti siyokwanira, mungafunike kalata yolumbira, yomwe mumakasainira pamaso pa majisitireti kapena loya.

China chimene chimandipweteka mtima ndi kalembedwe ka maina athu kuno. Munthu mmodzi yemweyo, pa chiphaso ndi Yusufu, pa setifiketi ya ukwati Yusuf, ku banki Yussuf. Kwa ife ndi dzina limodzi, koma kompyuta imaona anthu atatu. Tengani chiphaso cha amuna anu, mukopere dzinalo chilembo ndi chilembo pa fomu iliyonse. Ofisa akamaliza kulemba, pemphani muwerenge musanasaine, ndipo muonenso tsiku lobadwa. Cholakwika chikasindikizidwa, kuchikonza n'kuyambiranso ulendo wonse.

Madobadoba oima pageti asakunamizeni kuti akudumphitsani ku NRB. Lipirani pamalo ovomerezeka ndipo risiti muisunge.

Achimwene_a_pa_Chiponde:
Ine langizo langa ndi losiyana pang'ono: musasinthe panopa. Palibe lamulo lokakamiza mayi kutenga dzina la mwamuna wake, ndipo pasipoti yanu ikugwirabe ntchito bwinobwino ngakhale mwakwatiwa. Pa boda amayang'ana nkhope, dzina ndi tsiku lothera, safunsa kuti munakwatiwa liti.

Choopsa n'kugwidwa pakati. Chiphaso chatsopano chimatenga nthawi, pasipoti nayonso nthawi yake, ndipo Disembala ndi mwezi umene mizere imatalika. Mukhoza kupezeka kuti pasipoti yakale mwapereka, yatsopano sinatuluke, basi yanyamuka. Pitani kaye ku Joni ndi dzina lakale, tikiti mudule m'dzina lomwe lili pa pasipoti ndendende, makamaka ikakhala ya ndege. Mukabwerako mu Januwale muyambe za NRB mosathamanga.

Abiti_wa_ku_Namwera:
Zikomo nonse. Nanga ndikadzasintha, pasipoti yakaleyo idzapita kuti? Ndipo za ku banki zikhala bwanji?

Che_Malindi:
Yakaleyo amaithetsa kuti isagwirenso ntchito. Ngati m'menemo muli viza kapena pemiti yomwe sinathe, nenani musanapereke, kenako mufunse ku ofesi ya kazembe wa dziko lomwe linakupatsani, chifukwa siisamuka yokha kupita m'pasipoti yatsopano. Amene ali ndi pemiti ya ku South Africa asamale kwambiri apa.

Chiphaso chikangosintha, pitani nacho ku banki ndi kumene munalembetsa simu yanu, kaya Airtel kaya TNM. Mukazengereza, tsiku lina amuna anu adzatumiza ndalama m'dzina latsopano, akaunti ili m'dzina lakale, ndalamazo n'kukanika kutuluka. Masetifiketi a sukulu monga a MSCE amakhalabe ndi dzina lakale, ndiye pofunsira ntchito muziphatikizapo fotokope ya setifiketi ya ukwati. Ngati muli ndi mwana wobadwa kale, setifiketi yake yobadwira ili ndi dzina lanu lakale. Mukamawoloka naye boda muzinyamulanso setifiketi ya ukwatiyo kuti aone kuti mayi ake ndinu.