Mwana wachedwa kulipira malo ku IIT, khoti lingathandize?

Abale anga amene muli kuno ku India, makamaka amene mwaphunzirako zamalamulo, ndithandizeni nzeru. Mwana wa alandilodi anga kuno ku Pune anakhoza JEE Advanced, mayeso olowera ku ma IIT (masukulu aukachenjede aboma a zauinjiniya), ndipo JoSAA, bungwe logawa malo m'masukuluwa, inamupatsa malo ku IIT, koma tsiku lomaliza kulipira ndalama yotsimikizira malowo app ya banki inangozungulira osapita, mwana akudina akudina mpaka 5 koloko inakwana, portal nkutseka. Malo apita basi. Mayi ake chilirireni kuyambira Lachiwiri, bambo akewo angokhala pakhonde foni ili mmanja osayankhula ndi munthu.

Ine ndimakumbuka nkhani ya 2024 ya mnyamata wa ku Muzaffarnagar uja anachedwa ndi maminiti ochepa kulipira 17,500 rupees ya IIT Dhanbad, Supreme Court pansi pa Chief Justice Chandrachud inagwiritsa ntchito Article 142 ya malamulo aakulu a India, yoipatsa mphamvu yolamula chofunika kuti chilungamo chichitike, nkulamula kuti amulandire, ngakhale kumuwonjezera malo apadera. Koma uja anali wa banja losauka la Dalit (gulu la anthu amene akhala akusalidwa kuno ku India), ndalamazo anachita kusonkha mmudzi, ndiye sindikudziwa ngati zingayende chimodzimodzi.

Funso langa ndi ili, ayambire ku Bombay High Court ndi writ ya Article 226 (pempho loti khotilo lilamule akuluakulu kukonza zinthu) kapena angopita ku Supreme Court ku Delhi? Nanga ma screenshot a banki aja ndi SMS yoti payment yakanika ndi umboni wokwanira? Ndipo loya wake amadula bwanji, poti ma round ena ogawa malo akupitilira ndipo tikazengereza mipando itha. Amene munaonako zotere chonde yankhani.