"Mnzako kaye, njira pambuyo": Aarabu akale ankatanthauzanji?

Wofunsa

Akuluakulu, ndithandizeni pa mwambi uwu wa Chiarabu: *al-jar qabla al-dar, wa al-rafiq qabla al-tariq*. Amene anandimasulira anati ukunena kuti uyambe wafufuza za woyandikana naye usanagule nyumba, ndipo uyambe wapeza woyenda naye usanasankhe njira. Za nyumbazo zikumveka. Yandivuta ndi mbali yachiwiriyi. Munthu amayamba wadziwa kumene akupita, kenako n'kufunsa ngati alipo wolowera komweko. Nanga apa zatembenuka bwanji? Ndipo rafiq ameneyu ndani kwenikweni, bwenzi la pamtima, m'bale, kapena aliyense amene mwakumana naye pachipata cha mzinda?

Ndafunsanso chifukwa ndinawerenga kuti Ibn Battuta, woyenda maulendo wotchuka wa ku Morocco, ananyamuka kwawo ku Tangier mu 1325 ali ndi zaka 21, yekhayekha, wopanda gulu lililonse, koma anakafika mpaka ku India ndi ku China. Ngati mwambiwu unali wolemera chonchi, iyeyo anaunyalanyaziranji?

Mayi wa geni

Achimwene, kodi si "kuyenda awiri si mantha" yemweyu? Ine ndikuona ngati ndi chimodzimodzi. Ndipo ku Dar es Salaam bwenzi amati rafiki, mawu ake ndi omwewo.

Mphunzitsi wa madrasa

Amayi, pa rafiki mwalasa, Aswahili anatengadi mawuwo ku Chiarabu. Koma pa Chiarabu chenicheni bwenzi la pamtima ndi *sadiq*. Rafiq ndi munthu amene mwatengana naye paulendo, ndipo gulu lonse la apaulendo oyendera limodzi limatchedwa *rufqa*. Pa tsinde lomwelo pamachokeranso *rifq*, kutanthauza kufatsa ndi kuchitira mnzako mwaulemu. Choncho rafiq atha kukhala munthu amene dzana simunkadziwana, koma kuyambira tsiku lonyamuka mudyera mbale imodzi, mumwera thumba limodzi la madzi, wina akagona wina ayang'anira katundu.

Mwambi wathu uja umateteza munthu kwa omuseka kuti ndi wamantha. Wa Chiarabuwu sukukamba za mantha ayi, ukulangiza za chimene uyambe kusankha. Kuyenda wekha kokhako kunali kale koletsedwa ndi chiphunzitso: mu Hadisi, Mtumiki Muhammad, mtendere ukhale pa iye, anadzudzula kuyenda wekha, nalamula kuti anthu atatu akanyamuka ulendo asankhe mmodzi akhale mtsogoleri wawo. Mwambiwu ukungopitiriza pamenepo, kuti sikungokhala ndi munthu pambali, koma munthu wotani.

Wokonda mbiri yakale

Achimwene ofunsa, Ibn Battuta yemweyo ndiye mboni yabwino ya mwambiwu, mukangopitiriza kuwerenga nkhani yake.

Ananyamukadi yekha, koma sanapite patali asanaphatikane ndi ena. Kuchokera ku Tlemcen anathamangira gulu la nthumwi za mfumu ya ku Tunis. Atafika ku Bijaya thupi linatentha kwambiri. Mmodzi wa nthumwizo, al-Zubaydi, anamulangiza kuti atsale mpaka achire. Mnyamatayo atakana, al-Zubaydi sanamusiye. Anamuuza kuti agulitse chiweto chake ndi katundu wolemera, iye amubwereka chokwera ndi hema kuti aziyenda mopepuka, poti m'njiramo munali achifwamba. Chakutsogolo matenda anabweranso, mpaka anadzimangirira pachishalo ndi nduwira yake kuopa kugwa, chifukwa kuima kunali koopsa. Ndiye pofika ku Tunis, anthu a mumzinda anatuluka kudzachingamira abale ndi anzawo, aliyense akulonjeredwa, iye palibe ndi mmodzi yemwe womupatsa moni. Akunena yekha kuti analira misozi, mpaka munthu wina wa paulendo wa Haji anamuona n'kubwera kudzamutonthoza. Pochoka ku Tunis anali kale m'gulu la opita ku Makka, ndipo anamusankha kukhala woweruza milandu wa gululo.

Koma pamene mwambiwu umaonekera poyera ndi mu 1352, pamene anaoloka chipululu cha Sahara kupita ku Mali. Ananyamuka ku Sijilmasa ndi mdipiti wa ngamila za amalonda. Patatha masiku 25 anafika ku Taghaza, kamudzi kopanda mtengo ndi umodzi womwe, kumene nyumba ndi mzikiti zinamangidwa ndi miyala ya mchere, madenga ake zikopa za ngamila. Akapolo ndiwo ankakumba mcherewo, ndipo ngamila imodzi inkasenza zibenthu ziwiri. Katundu ameneyo ku Walata, mzinda wa kutsidya kwa chipululucho, ankagulitsidwa ma mithqal (muyeso wa kulemera) 8 mpaka 10 a golide, koma akafika ku likulu la Mali mtengo unkakwera kufika 20, 30, nthawi zina 40. N'chifukwa chake anthu ankalolera kuika moyo pachiswe. Kuchoka pa Taghaza panali masiku 10 opanda chitsime.

M'chigawo chimenecho munthu wina wa m'gulu lawo, Ibn Ziri, anakangana ndi msuweni wake mpaka kutukwanizana. Chifukwa cha mkwiyo anatsalira m'mbuyo, ndipo anasochera. Gulu litaima n'kuona kuti palibe, Ibn Battuta analangiza msuweniyo kuti alembe ganyu munthu wa fuko la Massufa akalondole mapazi ake. Msuweniyo anakana. Mawa lake Mmassufa wina anadzipereka kupita ulele, anaona mapazi akulowa ndi kutuluka m'njira, koma munthuyo sanapezeke. Taonani apa, achimwene: njira inali imodzi kwa onse, ngamila zomwezo, wotsogolera yemweyo. Ena onse anafika. Amene anatsala ndi amene anali ndi woyenda naye woipa, ndipo woyenda nayeyo anali m'bale wake weniweni. Ine nkhani imeneyi imandiwawa nthawi zonse ndikaikumbukira, makamaka pa kukana kuja. Ibn Battuta akuti m'mbuyomo ankakonda kutsogola kukadyetsa ziweto pamene apeza msipu, koma kuyambira tsiku limenelo sanatsogolenso kapena kutsalira.

Palinso za *takshif*. Ameneyu anali Mmassufa amene gulu linkamulemba kuti atsogole yekha kupita ku Walata atanyamula makalata a amalonda opita kwa anzawo a kumeneko. Anzawowo akalandira makalata ankawapezera nyumba zogona, n'kutuluka ndi madzi ulendo wa masiku 4 kudzakumana nawo m'chipululu. Takshif akafera panjira, a ku Walata sadziwa kuti kukubwera anthu, ndipo gulu lonse kapena ambiri a iwo ankafa ndi ludzu. Wa ulendo umenewu analipidwa ma mithqal 100 a golide. Amene analibe mnzake ku Walata ankalembera wamalonda wodziwika ndi mbiri yabwino kuti amuwerengere limodzi. Ndiye kuti madzi omaliza a ulendowo sanali m'chitsime chilichonse cha m'njira, anali m'manja mwa anthu amene unagwirizana nawo usananyamuke.

Wofunsa

Zikomo kwambiri bambo, za Ibn Ziri zandikhudza. Komabe Sahara ndi Sahara. Nanga m'njira zokonzedwa bwino? Ndikudziwa kuti Zubayda, mkazi wa Harun al-Rashid, mfumu ya ku Baghdad, anakumbitsa zitsime ndi madamu m'njira ya Haji yochokera ku Kufa kupita ku Makka, ndipo ku Anatolia, ku Turkey wa lero, mafumu a Seljuk anamanga nyumba zogona apaulendo, monga Sultan Han ya kufupi ndi Aksaray ya mu 1229, kumene munthu ankagona ndi kudya ulele masiku atatu. Kumeneko rafiq ankafunikabe chimodzimodzi?

Wokonda mbiri yakale

Ankafunikabe, koma pa zifukwa zina. Nyumba zimenezo zinkakupatsa mpanda, chitseko chotsekedwa usiku, madzi ndi chakudya cha ziweto. Sizikanakuchitira umboni. Munthu ukadwalira panjira kapena kufa, ndani adzasambitse ndi kuika mtembo wako, awerenge katundu wako pamaso pa woweruza, akauze a kwanu ndi kupereka chuma chamasiye kwa ana ako? Komanso wamalonda kawirikawiri sankayenda ndi chuma chake chokha. Panali mgwirizano wotchedwa *qirad*: wina apereka mpamba n'kutsala kunyumba, wina ayenda nawo kukachita malonda, phindu agawana monga anapanganirana. Katundu akatayika panjira popanda kusasamala kwa woyendayo, wotaya ndalama anali mwini mpamba. Ndiye mawu a munthu amene anali nawe tsikulo ankalemera kwambiri.

Makalata a amalonda Achiyuda amene anapezeka m'chipinda cha sunagoge wa Ben Ezra ku Fustat, Cairo wakale, ambiri a zaka za m'ma 1000 ndi 1100, akuonetsa moyo womwewu. Iwo ankalemba Chiarabu m'zilembo za Chiheberi, ndipo ubale wawo wa pa malonda ankautchula *suhba*. Wa ku Tunisia ankatumiza mafuta a azitona kapena nsalu kwa mnzake wa ku Egypt kuti amugulitsire, iyenso n'kumugulitsira fulakesi wake ku Tunisia, popanda kulipirana. Kumene munthu angachite malonda kunkadalira kumene ali ndi munthu womukhulupirira. Apa ndi pamene ndikuona kuti mwambiwu sunatembenuke ayi: njira zinalipo zambiri, za pamtunda ndi za panyanja, ndipo munthu ankatenga imene ili ndi anthu ake.

Mphunzitsi wa madrasa

Ndiwonjezere za ku gombe lathu lino la Africa. Mu 1331 Ibn Battuta anafika ku Mogadishu asanapitirire ku Mombasa ndi Kilwa. Akuti chombo chikangoima, anyamata a mumzinda ankabwera pa timabwato, aliyense atanyamula mbale yovundikira ya chakudya, n'kuipereka kwa wamalonda mmodzi nanena kuti uyu ndi mlendo wanga. Wamalondayo ankakagona kwa munthu ameneyo, ndipo iyeyo ndiye ankamugulitsira ndi kumugulira katundu. Wina akagula kwa mlendoyo motchipa kwambiri, kapena akamugulitsa kanthu mwini nyumba palibe, malondawo ankathetsedwa.

Achimwene munati za woyandikana naye zikumveka, koma nazonso n'zozama kuposa mmene timazimvera lero. M'mizinda ngati Cairo ndi Damascus anthu ankakhala m'tinjira topapatiza, tambiri topanda potulukira kwina, tokhala ndi chipata chimodzi chotsekedwa usiku. Khoma linali limodzi ndi la mnzako, ngalande ya madzi imodzi. Malamulo a Chisilamu ali ndi *shuf'a*, ufulu woyamba kugula malo akamagulitsidwa, ndipo ophunzira a gulu la Abu Hanifa anapereka ufulu umenewu ngakhale kwa woyandikana naye wogundana naye khoma. Mwini nyumba akagulitsa kwa mlendo, woyandikana nayeyo ankatha kupita kwa woweruza, kulipira mtengo womwewo, n'kutenga nyumbayo.

Mayi wa geni

Ndamva tsopano, a Shehe. Ndiye rafiq uja si bwenzi locheza nalo chabe. Funso langa latsala pa qirad: woyenda ndi mpamba wa mwini uja, chakudya ndi malo ogona a panjira ankalipira m'thumba mwake kapena zinkachotsedwa pa mpambawo?

Mphunzitsi wa madrasa

Zinkachotsedwa pa mpambawo, amayi, malinga ngati ali paulendo wa malondawo ndipo sakumwaza. Ophunzira a gulu la Malik ndi la Abu Hanifa analola chakudya, zovala ndi chokwera cha paulendo, koma akakhala kuti akuchitira malondawo mumzinda wa kwawo, ankadya zake.