Lord Ashley ndi lamulo la maola 10: ndithandizeni

Akuluakulu, ndithandizeni pa za Anthony Ashley-Cooper. Adalowa mu House of Commons, nyumba ya malamulo ya ku Britain, mu 1826 ngati Lord Ashley, ndipo adakhala Earl of Shaftesbury bambo ake atamwalira mu 1851. Mukafufuza mu Hansard, buku la zokambirana za m'nyumba ya malamulo, ndi dzina la Shaftesbury lokha, zambiri zimakuphonyani.

Pondivuta ndi apa. Adatula pansi mpando wa Dorset mu 1846 pa mkangano wa Corn Laws (malamulo a msonkho wa mbewu zochokera kunja), motero amene adakankha lamulo la mu 1847, loti amayi ndi achinyamata asamagwire ntchito m'mafakitale kupitirira maola 10 pa tsiku, anali phungu wina, John Fielden. Lord Ashley atabwerera ngati phungu wa Bath, mu 1850 adavomera maola 10 ndi theka, antchito a m'mafakitale n'kumuona ngati wawagulitsa. Kodi adapanikizika chifukwa eni mafakitale ankazemba lamulolo posinthanitsa amayi ndi achinyamata m'mashifiti, kapena adagonja msanga? Amene mudawerenga zokambirana za chakacho, iye adadziteteza bwanji?