Kodi realism si dyera lomwe lija, angoliveka suti?

Msungwana wa ku Katoto

Akuluakulu ndithandizeni. Ndili chaka chachiwiri ku yunivesite, ndipo pa kosi ya ubale wa mayiko atipatsa ntchito yolemba masamba asanu pa realism, chiphunzitso chakuti mayiko amatsata mphamvu ndi phindu lawo, tipereke Lachisanu. Notsi ndawerenga mpaka mutu waima, koma pali kanthu kakundisowetsa mtendere.

Ndinakulira ku Mzuzu. Amayi anga ankagulitsa nthochi ndi mandasi pafupi ndi geti la chipatala chachikulu, chija anamanga a Taiwan. Akuti panali dokotala wina wa kumeneko amene ankagula nthochi m'mawa uliwonse, akumayesa moni wa Chitumbuka, amayi n'kumafa nacho chiseko. Kumayambiriro kwa 2008 anangomva kuti anthu aja akupakira, boma lathetsa ubale ndi Taiwan lapita kwa China. Ine ndinali kamwana, koma amayi mpaka lero akaikumbuka amati, "Munthu wakumangira chipatala, iwe n'kumuonetsa msana chifukwa wina wabwera ndi chikwama chachikulu?"

M'kalasi anapereka chitsanzo chomwechi, akuti realism ndi imeneyo, ndipo ananena nkhope ili gwa ngati palibe chodabwitsa. Tsono realism ikungofotokoza mmene mayiko amachitira, kapena ikuwauza kuti azichita choncho? Nanga kadziko ngati kathu kali ndi malo mmenemu? Mabuku onse akungokamba America, Russia ndi China.

Mphunzitsi wopuma, Dedza

Mwana wanga, tiyambire pamudzi. Mnansi akakulowera m'munda umapita kwa nyakwawa. Zikakanika, kwa gulupu, kenako kwa T/A, mpaka kukhoti. Pamwamba pali woti agamule, ndipo kumbuyo kwake kuli apolisi. A realism akuti pakati pa mayiko palibe wotero. United Nations ilipo, koma ilibe asilikali akeake, imachita kubwereka, ndipo America, Britain, France, Russia kapena China akangokana chigamulo ku Security Council, nkhani yathera pomwepo. Ndiye dziko lililonse limadzionera lokha, fodya wako ndi uyo ali pamphuno. Mnansi akagula chikwanje sudziwa ngati n'chodulira nsungwi kapena khosi lako. Nawe umagula chako, iye akaona akagula ziwiri, chonsecho palibe amene anayamba ndi mtima wa ndewu.

Za kadziko usadandaule, nkhani yakale kwambiri ya realism ndi ya kadziko. Thucydides, wolemba mbiri wa ku Greece wakale, analemba za chaka cha 416 BC, pamene a mzinda wamphamvu wa Athens anafika pa kachilumba ka Melos n'kuti gonjani. A Melos anati ife sitili mbali iliyonse, tikudalira chilungamo, milungu ndi abale athu a Sparta. A Athens anawayankha kuti za chilungamo amakambirana ndi anthu ofanana mphamvu, wamphamvu amachita zimene angathe, wofooka amapirira. A Sparta sanabwere. Amuna a pa Melos anaphedwa, akazi ndi ana anagulitsidwa ukapolo.

Polemba usasakanize akatswiri atatu a realism awa, chifukwa okonza mayeso amatchera pomwepa. Hans Morgenthau, mu Politics Among Nations ya 1948, anati gwero ndi mtima wa munthu wofuna kulamulira anzake. Kenneth Waltz, mu Theory of International Politics ya 1979, anati mtima usiyeni, ngakhale atsogoleri onse akanakhala abusa, kusowa kwa wogamula pamwamba kukanawakakamizabe kusula mikondo. John Mearsheimer mu 2001 anawonjezera kuti dziko lalikulu silikhuta mphamvu, chifukwa silidziwa kuti zokwanira ndi zingati.

Funso lako loyamba, yankho ndi zonse ziwiri, ndipo apa ndi pamene ambiri amaphonya. Waltz kwenikweni ankafotokoza. Morgenthau ankalangizanso, koma malangizo ake sanali oti menyani aliyense. Iye anatsutsa nkhondo ya America ku Vietnam, Mearsheimer nayenso anatsutsa ya ku Iraq mu 2003. Sikuti chinali chisoni ayi, ankati nkhondozo sizipindulira America. Kwa iwo mtsogoleri woopsa ndi uja amene wadzitsimikizira kuti ali pa ntchito yopulumutsa dziko lonse lapansi.

Kwathu kuno chitsanzo chonona ndi Kamuzu. Mu 1967 anatsegula ubale ndi boma la tsankho la South Africa, anzake mu Africa akulinyanyala. John Vorster, nduna yaikulu ya dzikolo, anabwera kuno mu 1970, ine ndili mwana wa sukulu, ndipo Kamuzu anapita kumeneko mu 1971. Yang'ana mapu. Tilibe doko, katundu ankadzera ku Beira m'manja mwa Apwitikizi, azibambo athu ambirimbiri anali ku migodi kudzera ku Wenela akutumiza ndalama kumudzi. Ngongole yoyambira kumanga likulu ku Lilongwe ndi ya njanji yolumikiza ku Nacala zinachokera ku South Africa. Mkangano wa nduna wa 1964, wa a Kanyama Chiume ndi a Masauko Chipembere, mbali ina unali pa zomwezi: ubale ndi Apwitikizi, ndiponso ngati tigwirane chanza ndi China. Kamuzu anakana China n'kutenga Taiwan mu 1966. A Bingu anatembenuza kumapeto kwa 2007, kenako kunabwera nyumba ya malamulo ku Lilongwe ndi msewu wa Karonga kupita ku Chitipa. Masamu ake ndi amodzimodzi, yankho lokha ndi lomwe linasintha.

Koma amayi ako sakulakwa. Realism imati "phindu la dziko" ngati dziko ndi munthu mmodzi wa mimba imodzi. Siifunsa kuti wadya ndani, walipira ndani. Ine ndikanakhala iwe ndikanalemba zimenezi pa tsamba lachinayi.

Wa ku Chipata

Aphunzitsi, mwafotokoza bwino, koma pa Kamuzu ndikutsutsaniko pang'ono. Ife ku Zambia nafenso tilibe doko. Ian Smith, mtsogoleri wa azungu, atalengeza ufulu wake ku Rhodesia (Zimbabwe ya lero) mu 1965, mkuwa wathu unali ukudzera kwa iye. Mapu omwewo, vuto lomwelo. Koma KK, pulezidenti wathu Kenneth Kaunda, anasunga omenyera ufulu a ANC ya ku South Africa ndi ZAPU ya ku Rhodesia mu Lusaka, ndege za Rhodesia zinkatiphulitsa, malire anatsekedwa mu 1973, ndipo tinali titapita kale kwa China kukapempha njanji ya TAZARA yopita ku doko la Dar es Salaam, makilomita 1,860, imene inatha mu 1975. Ngati mapu ndi mphamvu ndizo zimalamula, bwanji anansi awiri anasankha zosiyana chonchi? Agogo anga anaima pa mizere ya sopo ndi mafuta ophikira zaka zimenezo. Realism ingati iwo ankapindula chiyani?

Mphunzitsi wopuma, Dedza

Achimwene, mwagunda pa chilonda, ndipo sindinama kuti realism ili ndi yankho lokwanira. Wa realism angakuuzeni kuti inu munali ndi mkuwa, ife tinali ndi fodya, tiyi ndi mtedza, ndiye inu mukanatha kupirira nthawi yaitali. Angakukumbutseninso kuti mu October 1978 KK anatsegula njanji ya kum'mwera yodzera ku Rhodesia kuti feteleza alowe, ndipo Samora Machel wa ku Mozambique, amene palibe angamutche wamantha, anasaina pangano losamenyana la Nkomati ndi P.W. Botha wa boma la tsankho la South Africa mu 1984. Mimba ikalira, mapu amabwerera patebulo. Komabe zaka zonse KK anakana zija ndi zenizeni, ndipo Waltz alibe pozisunga, chifukwa iye safuna kusuzumira m'kati mwa dziko kapena m'mutu mwa mtsogoleri. Mwana wanga, mfundo ya achimwenewa uitenge, ndiyo khomo lolowera kwa otsutsa realism, aja amati maganizo ndi zikhulupiriro za anthu nazo zimaumba zimene dziko limatcha phindu lake.

Mlongoti

Chemwali, onjezani ya nyanja ya Malawi. Tanzania imati malire adzere pakati pa madzi, ife timati ali m'mphepete mwa gombe lawo, ndipo chimene tagwira m'manja ndi pangano la Heligoland la 1890 la Britain ndi Germany. Nkhaniyi itabukanso mu 2012 chifukwa cha zofufuza mafuta, palibe anaombera mnzake, anapita kwa a Joaquim Chissano, pulezidenti wakale wa Mozambique, ndi anzawo kukakambirana. Wokonda malamulo anganene kuti onani, pepala likugwira ntchito. Wa realism angaseke n'kuti wofooka amakonda pepala chifukwa ndi chida chokhacho ali nacho. Ine onse awiri ndimawamva, sankhani nokha.

Msungwana wa ku Katoto

Zikomo nonse, mwandichotsa m'matope. Ndiyamba ndi Melos, ndiike Kamuzu ndi KK pambalipambali, nyanja ikhale ndime imodzi. Ndawawerengera amayi pafoni zomwe mwalemba aphunzitsi, mpaka pa mimba imodzi paja. Iwo angoti, "Ndiye a Sparta aja anali kuti?" kenako ayamba kufunsa ngati ndadya.

Aphunzitsi, kafunso kena: pa Thucydides ndilembe chaka cha 416 BC kapena chaka cha buku lomasuliridwa limene ndabwereka ku laibulale? Anatichenjeza kuti pamenepa amadula malikisi.